Alick Nkhata, Mmisiri Amene Anapekera Nyimbo Wailesi ya Sefuliya

Wailesi yakanema inafika mochedwa m'Malawi muno, pakuti Television Malawi inayamba kuonetsa zithunzi mu 1999. Filimu nayo, m'zaka za m'ma 1950, inali mlendo wa apo ndi apo. Galimoto ya boma inkafika pabwalo, anthu n'kupachika chinsalu choyera, ndipo mafilimu ambiri oyambirira a bungwe la Central African Film Unit, limene linakhazikitsidwa mu 1948, analibe mawu. Pambali pa chinsalu pankaima womasulira n'kumafotokozera khamu zimene zikuchitika. Choncho wina akafunsa kuti kodi ife tinali ndi yani wofanana ndi akatswiri a ku America aja opeka nyimbo za m'mafilimu ndi za pakanema, asakafune yankho pachinsalu. Alifune m'kabokosi kozungulira, kabuluu, kamene kanafika m'masitolo mu 1949, ndiponso mwa munthu amene anadziwa bwino kukaimbitsa: Alick Nkhata.

Nkhata sanabadwire kuno kunyanja. Anabadwira ku Kasama, kumpoto kwa dziko limene pa nthawiyo linkatchedwa Northern Rhodesia, mu 1922. Mayi ake anali Mbemba, ndipo bambo ake anali Mtonga wochokera ku Nyasaland, wa mtundu womwewu umene midzi yake imayambira cha ku Dwambazi, kumpoto kwa boma la Nkhotakota, n'kumatsata gombe mpaka ku Nkhata Bay. Koma si magazi okha amene amamusandutsa wathu. Ntchito yake anaigwira akuganizira munthu ngati wa kuno: wokhala kutali ndi tauni, wopanda magetsi, amene mwamuna wake, mlongo wake kapena mwana wake ali kumigodi, ndipo madzulo akatha kudya amakhala pamphasa n'kutchera khutu ku kabokosi kolira ndi batire. Kupekera nyimbo munthu wotere, amene iwe sukumuona nayenso sakukuona, ndi luso lapadera. Nkhata ali m'gulu la oyamba kulidziwa m'chigawo chino cha Africa, ndipo analidziwa mpaka kumizu.

Kota Kota, monga azungu ankalembera dzina la Nkhotakota, unali mudzi waukulu wa asodzi ndi alimi a mpunga ndi chinangwa, mudzi wa mizikiti ndi tchalitchi cha All Saints cha mishoni ya UMCA. Msewu wa tala wotsata nyanja kunalibe. Mvula ikagwa, mitsinje ya Bua, Kaombe ndi Dwangwa ikasefukira, njira yodalirika inali ya pamadzi, ndipo sitima ya Ilala, imene inayamba kuyenda mu 1951, ndiyo inkabweretsa katundu, makalata ndi anthu. Amuna ambiri anali kunja: ku Kitwe ndi ku Luanshya kumigodi ya kopa, ku Wankie kumalasha, ku Salisbury, ku Bulawayo, ena mpaka ku Joni. Ena ankabwerako ndi njinga, galamafoni ndi gitala, ena n'kukhaliratu komweko kukhala machona. Nyimbo kuno sizinkasowa. Kunali mganda ndi malipenga, kunali chioda cha amayi, kunali nyimbo za pamtondo ndi zija asodzi amaimba pokoka khoka kapena popalasa bwato. Koma zonsezi zinali nyimbo za pamaso. Woimba ndi womvera ankaonana, fumbi limodzi n'kuwakuta onse.

Wailesi ya sefuliya ndiyo inabweretsa nyimbo yopanda nkhope. Mkulu wa nthambi yofalitsa nkhani ku Lusaka, Harry Franklin, anafunafuna kampani imene ingapange wailesi yoti munthu wamba n'kuigula, mpaka kampani ya Ever Ready ya ku Britain inavomera. Inatulutsa wailesi yokhala m'chigoba chachitsulo chozungulira, chopangidwa monga amapangira sefuliya, n'chifukwa chake inatchedwa Saucepan Special. Inkagulidwa mapaundi 5, batire lake lalikulu n'kugulidwa padera pa mashelengi 25, ndipo mabowo ake anawatchinga ndi kasefa kuti tizilombo tisalowemo. Ndalamayo sinali yochepa, koma mphunzitsi, kalaliki, mwini sitolo kapena wobwera kumene kumigodi ankaikwanitsa, ndipo wailesi imodzi inkamvedwa ndi limana lonse, ana n'kuunjikana pakhomo.

Mawu ake ankachokera ku Lusaka, ku nyumba youlutsira mawu ya Central African Broadcasting Station, imene inkatumikira anthu akuda a ku Northern Rhodesia, Southern Rhodesia ndi Nyasaland m'Chibemba, Chinyanja, Chitonga, Chilozi, Chishona, Chindebele ndi Chingerezi. Pulogalamu imene anthu ankaikonda kwambiri inali Zimene Mwatifunsa, momwe omvera ankalemba makalata kupempha nyimbo ndi kupereka moni kwa abale. Taganizani chimene pulogalamu yoteroyo inali kwa mayi wa ku Chia kapena wa ku Sani amene mwamuna wake wakhala zaka kumigodi ya ku Nkana. Dzina likatchulidwa, ndiye kuti munthuyo ali moyo ndipo akukumbukira kwawo. Nyimbo yotsatira moniwo inkasenza zimene kalata yalephera kunena. Apa ndi pamene Nkhata, amene analowa ntchito panyumbayi monga muulutsi ndi womasulira, anapeza ntchito yake yeniyeni.

Anafika atasulidwa m'masukulu atatu. Yoyamba inali ya uphunzitsi, ndipo aliyense wodutsa m'makalasi a nthawi imeneyo ankatulukamo akudziwa kuimba kwa mawu anayi, kuyambira aang'ono mpaka besi. Yachiwiri inali ya usilikali: pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse anakatumikira ku Burma, monga anachitira anyamata ambiri a ku Nyasaland, ndipo kumsasa wa asilikali munthu amamva nyimbo za mitundu yambiri, za mabandi a malipenga achitsulo ndi za m'mbale za galamafoni zochokera kutsidya kwa nyanja zamchere. Yachitatu, imene ndikuiona kuti ndiyo inamupatsa khutu lake, inali kugwira ntchito ndi Hugh Tracey nkhondo itatha. Tracey ankayendayenda m'midzi ndi m'makomboni kujambula nyimbo za makolo, ndipo m'zaka za m'ma 1950 anafikanso m'boma la Kota Kota. Iye anali ndi chizolowezi chogwira maikolofoni m'manja n'kumayenda nayo pakati pa oimba, kuiyandikitsa kwa wotsogolera nyimbo, kenako kwa ng'oma, kenako kwa othirira mang'ombe. Woyenda ndi munthu wotere amaphunzira msanga kuti makina samva monga limamvera khutu. Khutu limasankha lokha chimene likufuna m'phokoso la pabwalo, koma makina amangotola chimene chawayandikira. Wina ayenera kuwasankhira.

Vuto loyamba limene Nkhata anakumana nalo linali la nthawi. Mbali imodzi ya mbale ya galamafoni ya masiku amenewo inkatenga mphindi zitatu, kupitirira pang'ono basi. Nyimbo ya pabwalo siidziwa wotchi. Imayamba mwaulesi, ng'oma zikufunana, ovina akulowa mmodzimmodzi, ndipo imakoma ikatenthedwa, pamene aliyense watuluka thukuta. Mukaidula pa mphindi zitatu mumatsala ndi chiyambi chokha. Nkhata sankadula, ankamanga nyimbo yatsopano ya msinkhu wa mbaleyo. Mvetserani nyimbo zake zimene zinasungidwa: gitala imatsegula ndi kachidutswa kafupi kamene kakuuzani kale mayendedwe a nyimbo yonse, mawu amalowa osachedwa, ndime imanena nkhani, anzake amavomera, gitala imapatsidwa mpata pang'ono kuti womvera apume, nkhani n'kubwereranso kukatsekedwa. Mbale ikamatha simuona ngati akulandani kanthu. Nyimboyo yafika kumene inkapita.

Vuto lachiwiri linali la kabokosi komweko. Sipika ya wailesi ya sefuliya inali yaing'ono, ndipo mawu ankayenda ulendo wautali wa mumlengalenga kuchokera ku Lusaka, nthawi zina akumazimirira n'kubweranso, makamaka m'dzinja pamene ziphaliwali zikung'anima panyanja. Mawu otsika kwambiri, monga a ng'oma yaikulu ya mganda, kasipika kotere sikawatulutsa. Kamangonjenjemera. Gulu lalikulu la anthu oimba ndi kuomba m'manja limamveka ngati chiphokoso chimodzi. Zimene zimadutsa bwino ndi mawu apakatikati: mmero wa munthu ndi nsambo za gitala. Nkhata anamanga nyumba yake pamenepo. Gulu lake lotchuka, Alick Nkhata Quartet, linali la anthu ochepa, ndipo aliyense ankamveka payekha. Wosema bwato sawonjezera kanthu pa chipika. Amachotsa, n'kuchotsa, mpaka chotsalacho chiyandame ndi kusenza munthu. Umisiri wa Nkhata unali wotero: kudziwa chimene nyimbo ingataye koma n'kukhalabe yamoyo.

Chimene sanataye ndi msana wa nyimbo. Ng'oma anaichotsa m'maso, koma anaibisa m'dzanja lamanja la woimba gitala. Chala chachikulu chimagunda nsambo zazikulu mosalekeza, kusunga mayendedwe monga ichitira ng'oma yosunga gule, pamene zala zina zikutola tinsambo tating'ono n'kumayankha mawu a woimba. Makodi ake ndi ochepa, kawirikawiri atatu, ndipo amazungulira n'kubwerera pamene anayambira, monga zimachitira bangwe ndi kalimba. Munthu wozolowera nyimbo za Azungu angaganize kuti kuzungulira kotereku ndi kusowa nzeru. Ayi ndithu. Kuzungulirako ndiko kumapatsa womvera malo olowerapo. Amene wafika mochedwa pakhonde, kapena amene mawu anamuzimirira kwa kanthawi, sataika, chifukwa akabwerera amapeza nyimbo ili panjira yomweyo. Ndipo kuyambitsa ndi kuvomera kumene kuli m'nyimbo zathu zonse anakusunga, kotero kuti ofika pamphasa ankadziwa okha pamene mbali yawo ikuyambira. Nyimbo yojambulidwa m'chipinda chotseka ku Lusaka inkamalizidwa ndi milomo ya anthu a kugombe.

Mawu ake a pakamwa ndiwo amandigwira mtima kwambiri. Woimba wa pabwalo amayenera kukweza mmero kuti apose ng'oma ndi nthungululu. Nkhata anazindikira kuti maikolofoni yachotsa kufunika kofuula. Ankaimba mofatsa, mosalala, ngati munthu amene wakhala nanu pafupi ndipo akukuuzani nkhani ya inu nokha. Liwu lililonse limatuluka lathunthu, ndipo pamenepa muulutsi ndi mphunzitsi amene anali mwa iye akuonekera. Palinso china chimene ambiri opeka nyimbo masiku ano amachinyozera. M'Chibemba, m'Chinsenga ndi m'Chinyanja, kukwera ndi kutsika kwa liwu ndi mbali ya tanthauzo lake. Mukakakamiza mawu athu kulowa m'chuni chobwereka, mumawapotoza, ndipo womvera amayamba kulimbana ndi kumva m'malo mosangalala. Nyimbo zambiri za m'mabuku a mishoni zinagwa m'mbuna imeneyi. Kwa Nkhata chuni chimatsata chilankhulo. Mutayankhula mzere wa nyimbo yake osaimba, mupeza kuti mawu akukwera ndi kutsika pafupifupi pomwe chuni chikukwerera ndi kutsikira. N'chifukwa chake ngakhale mawu akamadukaduka m'mlengalenga, womvera ankatha kulumikiza yekha zimene zasowa.

Kusanja mawu a anzake nako kunali ndi nzeru yake. Abemba, mtundu wa mayi ake, amaimba mawu achiwiri oyenda moyandikana kwambiri ndi oyamba, ndipo kayendedwe kameneka kamagwirizana mosavuta ndi makodi a gitala komanso ndi makwaya a kusukulu. Ansenga ndi Achewa amakonda kusiya mpata wokulirapo pakati pa mawu awiriwo. Nkhata anali atamvanso magulu a oimba a ku America amene mbale zawo zinadzaza m'makomboni, oimba mawu ogundana bwino popanda zida zambiri, komanso oimba gitala a nyimbo za abusa a ng'ombe. Zonsezi anazitenga, koma sanalole kuti chimodzi chimeze chinzake. Mukamvetsera mumamva kusalala kwa gulu la mutauni, koma pansi pake pali kuimba kwa kumudzi kumene Mbemba, Mnsenga ndi Mchewa aliyense amazindikiramo kwawo. Kuimbira maiko atatu a zilankhulo zambiri n'kumveka wa kwawo kwa onse si mwayi. Ndi ntchito ya khutu lodekha.

Nyimbo yake ya Kalindawalo ni Mfumu ikusonyeza bwino zimenezi. Kalindawalo ndi mfumu yaikulu ya Ansenga a ku Petauke, ndipo Chinsenga n'chapafupi ndi Chinyanja kotero kuti munthu wa ku Nkhotakota amachimva osafuna womasulira. Nyimbo yotamanda mfumu malo ake ndi pabwalo, pakati pa khamu. Nkhata anaitenga n'kuiveka gitala ndi mawu osanjidwa, koma ulemu wake sunachoke. Mnsenga wogwira ntchito ku Wankie akaimva, anali ngati wafika kwawo. Mchewa wa kunyanja akaimva, anaphunzira dzina la mfumu ya anthu ena n'kuliimba ndi pakamwa pake. Zaka zambiri maiko athu asanalandire ufulu, anthu amene malire a atsamunda anawalekanitsa anayamba kudziwana kudzera m'nyimbo zotere.

Sanangokhala wokonza nyimbo zakale. Anapekanso zake zonena za moyo watsopano wa mutauni: za chikondi ndi kusiyana, monga Shalapo, za mowa, monga Imbote, ndi za anthu a ntchito zatsopano, monga Taxi Driver. Nyumba youlutsira mawu inali ya boma, ndipo boma linkafuna nyimbo zonyamula uphungu. Aliyense amene anamvapo nyimbo yolamulidwa ndi ofesi akudziwa mmene imaumira: uthenga umakhala patsogolo, nyimbo n'kumakwawa pambuyo. Nkhata ankadziwa chimene agogo athu ankadziwa pa nthano ndi pa nyimbo za pamtondo, kuti malangizo amalowa bwino akabwera ndi munthu wooneka ndi maso, wokhala ndi zofooka zimene tonse tikuzidziwa. Ankajambula munthu m'mizere yochepa, n'kusiya womvera kuti aweruze yekha. Kudzudzula kwake kunalibe ukali. Kunali kwa mbale amene akukuchenjeza chifukwa sakufuna kuti ugwe.

Apa ndi pamene ndikumuika pamzere umodzi ndi opeka nyimbo za m'mafilimu. Bernard Herrmann wa ku America, amene anapeka nyimbo za filimu ya Citizen Kane mu 1941, anayambira ntchito yake pa wailesi ya CBS, kumene anaphunzira kunena zambiri m'kachidutswa ka masekondi ochepa pakati pa zochitika za sewero. Pofika 1960, popeka nyimbo za filimu ya Psycho, anasiya zida zonse zouzira ndi zogunda n'kugwiritsa ntchito za nsambo zokha. Anthu awiriwa ankakhala m'maiko otalikirana, wina ali ndi gulu lalikulu la oimba, wina ali ndi gitala ndi anzake ochepa, koma mwambo wa ntchito yawo unali umodzi. Nyimbo iyenera kukwana m'nthawi imene wapatsidwa, iyenera kudutsa m'makina amene alipo, ndipo iyenera kutumikira chinthu china choposa ulemerero wa woipeka. Kwa Herrmann chinthucho chinali chithunzi. Kwa Nkhata chinali moni wa munthu wa kumigodi, chilengezo, ndi madzulo a banja limene lasowa mmodzi.

Alipo amene angatsutse kuti Nkhata anafewetsa nyimbo zathu, kuzichotsa mano kuti zikomere makina a Azungu. Mfundoyi si yopanda pake. Ng'oma za chioda zikamalankhulana pali nzeru imene gitala imodzi singaisenze yonse, ndipo Tracey mwiniwake ankada nkhawa kuti nyimbo za mutauni zidzakankha za makolo. Koma tiyeni tione chimene chikanachitika Nkhata ndi anzake akanapanda kugwira ntchitoyi. Kabokosi kaja kakanalirabe, ndipo kakanadzaza ndi mbale za ku America ndi ku Johannesburg zokhazokha. Mwana wa ku Nkhotakota akanakula akudziwa kuti nyimbo yoyenera kutuluka m'wailesi ndi ya chilankhulo cha eni ake, ndipo yakwawo ndi ya pafumbi basi. Nkhata anasonyeza kuti chilankhulo cha kumudzi chingathe kukhala bwinobwino m'makina atsopano popanda kupepesa. Ndiponso anyamata a malipenga kuno kunyanja anali atachita kale zofananazo. Anaona perete wa asilikali, n'kutenga mizere, mayunifolomu ndi malipenga, kuwapanganso ndi zikho, ndipo lero palibe amene amati malipenga si athu.

Ntchitoyi sinali yopanda minga. Mu 1953 maiko atatu aja anamangidwa pamodzi m'Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, anthu akuda akukana. Wailesi ya ku Lusaka inali ya boma la atsamunda, choncho mkwiyo unagweranso aulutsi ake. Peter Fraenkel, amene ankagwira ntchito panyumbayi, anafotokoza m'buku lake la Wayaleshi la mu 1959 mmene mphekesera zinafalikira zoti ogwira ntchito pawailesi akugwirizana ndi anthu ogwira anzawo usiku, amene ku Northern Rhodesia ankawatcha banyama. Anthu a ku Nkhotakota, kumene chipani cha Malawi Congress chinachitira msonkhano wake waukulu mu 1960, akudziwa mmene mitima inalili yowawa masiku amenewo. Woimba amene mawu ake ankatuluka m'kabokosi ka boma anali pakati pa moto uwiri. Nkhata sanasiye anthu ake. Luso lomwe lija la nyimbo yaifupi, yomveka, yosavuta kuigwira, analipereka ku nkhondo yomenyera ufulu, napeka nyimbo zolimbikitsa chipani cha UNIP cha Kenneth Kaunda.

Zambia italandira ufulu mu 1964, Nkhata anakhala mmodzi wa akuluakulu oyendetsa wailesi ya dzikolo, ndipo pambuyo pake anatsogolera nthambi ya boma yoona za chikhalidwe. Gulu la oimba la panyumba youlutsira mawu, Lusaka Radio Band, limene pambuyo pake linatchedwa Big Gold Six, linapitiriza njira yake yotenga nyimbo za m'midzi n'kuzikonzera zida zamakono. Kuno kwathu chaka chomwecho cha 1964 kunabadwa Malawi Broadcasting Corporation, ndipo makutu amene anaipeza anali atazolowera kale kumva Chinyanja chikuimbidwa ndi gitala m'wailesi. Oimba a kuno, kuyambira abale a Paseli a ku Zomba mpaka Daniel ndi Donald Kachamba a ku Chileka, aliyense anali ndi njira yakeyake ndipo sitinganene kuti anali ophunzira a Nkhata. Koma onse ankayankha funso limodzi limene iye analiyankha mwaluso: kodi nyimbo ya kwathu ikhale bwanji kuti ikwane m'mbale ndi m'kabokosi?

Mu 1974 anapuma pantchito n'kupita kukalima ku Mkushi. Mu October 1978 asilikali a boma la Ian Smith la ku Rhodesia anaukira misasa ya omenyera ufulu wa Zimbabwe imene inali m'dziko la Zambia, umodzi mwa iyo uli pafupi ndi munda wake, ndipo Nkhata anaphedwa pa chiwembucho ali ndi zaka 56. Munthu amene anathera moyo wake kulumikiza anthu a maiko atatuwa anafa ndi nkhondo yomaliza ya ufulu wa limodzi la maikowo. Lero msewu umene uli ndi likulu la wailesi ndi kanema wa dziko la Zambia ku Lusaka umatchedwa Alick Nkhata Road. Mu 1991 kampani ya RetroAfric ya ku London inasonkhanitsa zina mwa nyimbo zake n'kuzitulutsanso m'chimbale chimodzi, ndipo zojambula za Tracey zikusungidwa ku International Library of African Music, nkhokwe imene iye anaikhazikitsa mu 1954, imene tsopano ili pa Rhodes University ku South Africa.

Mavuto amene Nkhata analimbana nawo sanathe, angosintha zovala. Mnyamata wa ku Nkhotakota amene lero akupanga nyimbo pa kompyuta m'kachipinda ka kumsika, omvera ake ambiri adzaimva pa kasipika ka foni, kamene nakonso sikanyamula mawu otsika. Wokonza kanyimbo kotsegulira pulogalamu pa Nkhotakota Community Radio ali ndi masekondi owerengeka, ndipo msodzi amene akumvera ali pagombe, mwera ukuwomba. Opanga mafilimu athu, amene achuluka kuchokera pamene Shemu Joyah anatulutsa Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat, akufuna nyimbo zotumikira nkhani, zosalimbana ndi mawu a ochita sewero. Kompyuta imapatsa munthu zida mazanamazana, ndipo chiyeso chake ndi kuziika zonse. Ndikanakonda achinyamata amenewa atakhala pansi n'kumvetsera Nkhata mobwerezabwereza, akudzifunsa mafunso amene iye ankadzifunsa: ndani adzamva nyimboyi, adzaimvera pa chiyani, ali kuti, ndipo n'chiyani chimene ndingachotse kuti mawu amufike athunthu?

Kuti zimenezi zitheke, nyimbozo ziyenera kumveka. Mawailesi athu, kuyambira MBC mpaka a m'maboma, angathe kupatula nthawi ya nyimbo za m'zaka za m'ma 1950, osati monga zokumbutsa okalamba zokha, koma monga phunziro, muulutsi akufotokoza chimene gitala ikuchita ndi chifukwa chake mawu akumveka chotero. Aphunzitsi a nyimbo m'makoleji athu angathe kuika Nkhata pandandanda wa amisiri oyenera kusanthulidwa mzere ndi mzere. Ndipo m'midzi ya m'mbali mwa nyanja mudakali agogo amene anamva nyimbozi zikutuluka koyamba m'wailesi ya sefuliya. Akudziwa kuti inali ya yani, inkaikidwa pati, ndi nyimbo ziti zimene amayi ankazitola n'kupita nazo kumtondo. Tiwafunse adakali ndi mphamvu zotiuza, ndipo zimene anene tizijambule ndi chisamaliro chomwe Nkhata ankajambulira nyimbo za makolo awo.